Lincoln: Koleji Yakumudzi Imene Idasula Atsogoleri

 Lero tiwoloka nyanja yamchere kuti tikacheze ku America, m'chigawo chotchedwa Pennsylvania. Kumeneko, pamtunda wa mamailosi ngati 45 kuchokera mumzinda wa Philadelphia, pakati pa minda ndi makola a ng'ombe, pali koleji ina yotchedwa Lincoln University. Si koleji yaikulu ayi. M'zaka zimene tizikambe kwambiri lero, ophunzira ake onse pamodzi sankakwana ndi 500 omwe, chiwerengero chimene sukulu zambiri za pulayimale kwathu kuno zimachipitirira kutali.

Koma tamvani anthu amene adatuluka pachipata chake m'zaka 10 zokha. M'chaka cha 1929 adatsiriza maphunziro ake pamenepo Langston Hughes, mlakatuli amene ndakatulo zake zikuwerengedwabe m'sukulu za maiko ambiri. Chaka chotsatira, 1930, adatsiriza anyamata awiri a kalasi imodzi: Thurgood Marshall, amene adadzakhala munthu wakuda woyamba kuweruza m'bwalo lalikulu koposa la milandu ku America, ndi Nnamdi Azikiwe, amene adadzakhala pulezidenti woyamba wa Nigeria. M'chaka cha 1939 adatsiriza Kwame Nkrumah, mtsogoleri woyamba wa Ghana. Munthu akamva zotere sangalephere kufunsa kuti, kodi pamalo pamenepa ankawadyetsa chiyani anyamatawa?

Kuti tiyankhe bwino, tiyambe tamvetsa mtundu wa sukulu imene tikuikambayi. Ku America kuli makoleji ena amene saphunzitsa ntchito imodzi yokha monga uphunzitsi, ulimi kapena umisiri. Eni ake amati makoleji amenewa ndi a liberal arts. Mawuwa adachokera ku Chilatini, ndipo kale kwambiri ankatanthauza maphunziro oyenera mfulu. Kwa Aroma akale, kapolo ankaphunzitsidwa ntchito yamanja imene mbuye wake ankafuna, basi. Koma mfulu ankaphunzira kuwerenga, kuganiza, kutsutsana ndi kulankhula pabwalo, chifukwa ndiye amene ankayembekezeka kudzaweruza milandu ndi kuyendetsa mzinda. Tsono muganize nokha kulemera kwa mawu amenewa pamene maphunziro otere adaperekedwa kwa ana a anthu amene adagulitsidwapo pamsika ngati mbuzi.

Mnyamata wolowa pa Lincoln m'masiku amenewo ankakhalapo zaka 4. Ankaphunzira Chilatini ndi Chigriki, masamu, sayansi, mbiri ya maiko, mabuku a alembi otchuka a Chingerezi, Baibulo, ndi nzeru za akatswiri akale a kaganizidwe. Ankagonera pomwepo, ndipo aphunzitsi ake nawonso ankakhala m'nyumba za pasukulu pomwepo, kotero kuti wophunzira waulesi adalibe kobisala. Panalinso magulu a mtsutso, kumene mnyamata ankapatsidwa mutu n'kuuzidwa kuti auteteze pamaso pa anzake mpaka thukuta litatuluka. Akatsiriza zaka 4 zija ndi pamene ankapita kwina kukaphunzira udokotala, zamalamulo kapena ubusa. Aphunzitsi ambiri oyambirira adali ochokera ku Princeton, sukulu yotchuka ya Azungu, ndipo chifukwa cha ichi anthu ankaitcha Lincoln kuti Princeton ya anthu akuda.

Amene adayambitsa kolejiyi ndi mbusa wina wachizungu wa mpingo wa Presbyterian, John Miller Dickey, pamodzi ndi mkazi wake Sarah Emlen Cresson. Mbusayu adayesa kumupezera malo a maphunziro a ubusa mnyamata wina wakuda, James Ralston Amos, koma kulikonse kumene adagogoda adamutsekera chitseko chifukwa cha khungu la mnyamatayo. Ataona choncho adayamba kumuphunzitsa yekha, kenaka adaganiza zomanga sukulu. Boma la Pennsylvania lidapereka chilolezo pa 29 April 1854, ndipo sukuluyo idatchedwa Ashmun Institute. Nthawi imeneyo n'kuti ukapolo ukadalipo. Malire a chigawo cha Maryland, kumene anthu ankagulidwa ndi kugulitsidwa mololedwa ndi lamulo, adali pamtunda woti munthu n'kuyenda pansi m'mawa umodzi.

Pano tinene chilungamo. Cholinga cha a Dickey sichidali choti anthu akuda adzafanane ndi Azungu m'dziko la America lomwelo. Iwo adali m'gulu la Azungu amene ankakhulupirira kuti malo a munthu wakuda womasulidwa ndi ku Africa. Jehudi Ashmun, amene dzina lake lidapatsidwa kusukuluyo, adali mmodzi mwa oyendetsa ntchito yosamutsira anthu akuda ku Liberia. Ndipo zidachitikadi motero poyamba: m'chaka cha 1859 James Amos, mbale wake Thomas ndi mnzawo Armistead Miller, ophunzira oyamba kutsiriza, adakwera chombo kupita ku Liberia kukalalikira. Koma sukulu ili ngati mwana. Womubala sadziwa chimene adzakhale akakula. Sukulu imene idamangidwa kuti izitulutsa anthu akuda m'dziko la America ndi yomwe idadzaphunzitsa munthu amene adagwetsa lamulo la tsankho m'sukulu za dzikolo.

Nkhondo yapachiweniweni ya ku America idatha m'chaka cha 1865, ukapolo udathetsedwa, ndipo pulezidenti Abraham Lincoln adaphedwa ndi mfuti m'chaka chomwecho. Mu 1866 sukulu ija idasintha dzina n'kutenga la malemuwo. Apa m'pamene adayamba kufika anyamata amene dzulo lake lomweli adali akapolo. Awiri mwa iwo adali apachibale, Archibald ndi Francis Grimké a ku South Carolina. Bambo wawo adali Mzungu mwini akapolo, mayi wawo Nancy Weston adali kapolo wa bamboyo. Tsono bambo ameneyu adali ndi alongo ake awiri, Sarah ndi Angelina, amene adachoka kwawo kalekale chifukwa chodana ndi ukapolo, ndipo sankadziwa n'komwe kuti mlongo wawo adabereka ana mwa kapolo. M'chaka cha 1868 Angelina adawerenga m'nyuzipepala za mnyamata wina wa pa Lincoln, wa dzina la banja lawo, amene adalankhula mogometsa anthu. Adalemba kalata kufunsa, ndipo choona chitadziwika, amayi awiriwa sadachite manyazi: adawalandira anyamatawo poyera ngati ana a m'banja mwawo, nawathandiza pa maphunziro. Onse awiri adatsiriza mu 1870. Archibald adakaphunzira zamalamulo ku Harvard, Francis adakhala mbusa mumzinda wa Washington kwa zaka pafupifupi 50.

Ena adatsata udokotala. Nathan Mossell, wa kalasi ya 1879, adali munthu wakuda woyamba kutsiriza maphunziro a udokotala pa University of Pennsylvania, ndipo mu 1895 adatsegula chipatala ku Philadelphia kumene madokotala ndi anamwino akuda ankatha kugwira ntchito popanda wowathamangitsa. Eni kolejiyi amawerengera kuti m'zaka zake 100 zoyamba, dokotala mmodzi mwa madokotala akuda 5 alionse a ku America adadzera pa Lincoln. Ndipo njira ya ku Africa ija idayamba kuyenda mbali zonse ziwiri, pakuti mu 1873 kudafika anyamata 10 ochokera ku Liberia kudzaphunzira.

Si onse amene ankagwirizana ndi maphunziro a mtundu umenewu, ndipo mkangano wake ndi wofunika kuti tiumvetse chifukwa udafika mpaka kwathu kuno. Mtsogoleri wina wotchuka wa anthu akuda, Booker T. Washington, amene adatsegula sukulu ya Tuskegee mu 1881, ankati munthu wongochoka kumene mu ukapolo asataye nthawi ndi Chigriki. Aphunzire kuumba njerwa, ukalipentala, ulimi ndi kusoka, apeze chuma, ulemu udzabwera pambuyo. Mnzake W. E. B. Du Bois adamutsutsa kwamphamvu. Iye ankati mtundu wa anthu wopanda maloya ake, madokotala ake, alembi ake ndi aphunzitsi a aphunzitsi ake udzakhala wolamulidwa mpaka kalekale, ngakhale utadziwa kuumba njerwa zabwino chotani. Kunena zoona, onse awiri adali ndi mfundo, pakuti njala siimva Chilatini. Koma kudali chinthu chimodzi chokayikitsa: Azungu olemera ndiponso olamula ankaombera m'manja maganizo a Washington mwachangu chodabwitsa, ndipo ndalama zawo zambiri zinkapita kusukulu za ntchito zamanja.

Maboma achitsamunda mu Africa nawonso adaona mbali imene idawakomera. Kuno kwathu adali ndi chifukwa chapadera. John Chilembwe adakaphunzira kusukulu ya anthu akuda ku Lynchburg, m'chigawo cha Virginia, adabwerako mu 1900, ndipo mu 1915 adaukira boma. Kuyambira pamenepo mwana wa mu Africa wofuna kukaphunzira kumakoleji a anthu akuda ku America ankayang'anidwa ndi diso lofiira. M'zaka za m'ma 1920 bungwe lina la ku America lotchedwa Phelps-Stokes lidatumiza nthumwi kudzayendera sukulu za mu Africa, ndipo mu 1924 nthumwizo zidafika ku Nyasaland. Malangizo awo adatsamira ku maphunziro a Tuskegee: ulimi, ukhondo, ntchito zamanja ndi moyo wa pamudzi. Sukulu ya Jeanes ya ku Domasi, imene idaphunzitsa aphunzitsi oyendera sukulu za m'midzi pamodzi ndi akazi awo, idabadwa kuchokera m'maganizo amenewa. Idagwira ntchito yabwino, palibe angakane. Koma tikumbukirenso kuti pamene Nkrumah ankalandira digiri yake mu 1939, Blantyre Secondary School n'kuti isanatsegulidwe n'komwe.

Tsono pali kachinthu kena kozunguza mutu. M'gulu la nthumwi zija mudali munthu mmodzi wakuda, James Kwegyir Aggrey wa ku Gold Coast, amene kulankhula kwake kunkasiya anthu kukamwa kuli yasa kulikonse kumene waima. Aggrey ameneyu sadaphunzire kuumba njerwa ayi. Adaphunzira Chilatini ndi Chigriki pa Livingstone College, mumzinda wa Salisbury ku North Carolina, kumene adatsiriza mu 1902 nakhalanso mphunzitsi kwa zaka zambiri. Kolejiyo idatchedwa dzina la David Livingstone yemweyo amene timamudziwa kunoyu, ndipo amene adaiyambitsa ndi Joseph Charles Price, mwana wa Lincoln wa kalasi ya 1879. Achinyamata a mu Africa amene ankamvera Aggrey sankamva kwambiri malangizo a nthumwi zija. Iwo ankaona munthu wakuda mnzawo ataima pakati pa Azungu, akulankhula mosaopa ndi mosajejema, ndipo mumtima ankati, kumene adaphunzira ameneyu nanenso ndikafikeko. Awiri mwa achinyamata amenewo adali Azikiwe ndi Nkrumah.

Nnamdi Azikiwe adabadwa mu 1904 ku Zungeru, kumpoto kwa Nigeria, ndipo adamva Aggrey akulalikira ali mnyamata ku Lagos. Adafika ku America mu 1925 ndi ndalama zochepa zimene bambo ake adamupatsa. Adayamba pa Storer College, kenaka Howard University, akudzilipirira ndi maganyu otsuka mbale ngakhalenso kukumba malasha mumgodi. Ndalama zitamuthera adasamukira ku Lincoln. Atalandira digiri mu 1930 adakhalabe pomwepo, akupitiriza maphunziro ndi kuphunzitsa zandale. Mu 1934 adabwerera ku Africa, ndipo chida chimene adasankha chidali nyuzipepala. Ku Accra adakhala mkonzi wa African Morning Post, kumene boma lachitsamunda lidamuimba mlandu woukira chifukwa cha nkhani ina imene adasindikiza; adapezeka wolakwa, koma atachita apilo adamasulidwa. Mu 1937 adayambitsa West African Pilot ku Lagos, nyuzipepala imene idafikitsa nkhani ya ufulu kwa makalaliki, aphunzitsi ndi ogulitsa pamsika.

Zandale zake n'zodziwika: adakhala bwanamkubwa wa Nigeria mu 1960 ndiponso pulezidenti mu 1963. Koma pa mutu wathu wa lero pali ntchito zake ziwiri zimene zimaiwalika. Yoyamba, iye ndiye adatsegulira njira anyamata ena ambiri a kumadzulo kwa Africa, monga K. O. Mbadiwe ndi Mbonu Ojike, amene adayambira maphunziro awo a ku America pa Lincoln. Yachiwiri, potsegula University of Nigeria ku Nsukka mu 1960, sukuluyo idakhazikitsa maphunziro ofanana kwa ophunzira onse, kotero kuti wophunzira uinjiniya ankalawako mbiri ndi chilankhulo, ndipo wophunzira mbiri ankalawako sayansi. M'masukulu a ukachenjede otsata mwambo wa ku Britain zimenezi zidali zachilendo, ndipo ena ankazinyoza.

Langston Hughes adafika pa Lincoln kumayambiriro kwa 1926 ali kale munthu woona dziko. Adayambapo maphunziro pa Columbia University ku New York koma adasiya patangotha chaka. Mu 1923 adalembedwa ntchito m'chombo chonyamula katundu chimene chidayenda m'madoko a kumadzulo kwa Africa. Buku lake loyamba la ndakatulo, The Weary Blues, lidatuluka m'chaka chomwe adalowa koleji. Luso lake lidali lotenga kalankhulidwe ka anthu wamba, ochapa zovala, onyamula katundu ndi oimba m'mabala, n'kukaika m'ndakatulo popanda kukaveka jekete la Chingerezi cha m'mabuku. Anthu ena akuda ophunzira adakhumudwa nazo, ati akuyanika zamanyazi pamaso pa Azungu. Iye sadabwerere m'mbuyo.

M'chaka chake chotsiriza Hughes adachita chinthu chimene chidagwedeza kolejiyo. Mpaka nthawi imeneyo, patapita zaka zoposa 70 chiyambire, Lincoln idalibe pulofesa wakuda ngakhale mmodzi. Ophunzira onse adali akuda, aphunzitsi onse Azungu. Pa phunziro lina la kakhalidwe ka anthu, Hughes adayenda kufunsa anzake a m'makalasi apamwamba ngati akadakonda kuphunzitsidwa ndi anthu akuda anzawo. Pafupifupi awiri mwa atatu alionse adati ayi, zikhale momwe zililimu. Omvera athu, taimani pang'ono muganizire yankho limenelo. Amenewa adali anyamata ophunzira koposa pakati pa anthu akuda a m'dziko lonselo, komabe ambiri a iwo sankakhulupirira kuti munthu wa khungu lawo angaime kutsogolo kwa kalasi n'kuwaphunzitsa bwino. Ndiye kuti Chigriki ndi Chilatini zija zidali zisanafike pabala lenileni. Hughes adalemba zimene adapezazo mosabisa, mkangano udabuka, ndipo pulofesa wakuda woyamba adalembedwa ntchito m'zaka zoyambirira za m'ma 1930.

Ndipo wina mwa amene poyamba sadafune aphunzitsi akuda adali Thurgood Marshall mwini wakeyo. Mnyamata ameneyu, wobadwira ku Baltimore mu 1908, sadafike pa Lincoln ngati munthu wodzasintha dziko. Adali wokonda nthabwala, njuga ndi maphokoso a usiku, ndipo adaimitsidwako sukulu chifukwa chozunza ophunzira atsopano. Aphunzitsi amene mukutimvera, musafulumire kutaya mwana wovuta. Chimene chidamugwira mtima Marshall ndi gulu la mtsutso lija, ndiponso macheza ake ndi Hughes, amene adamuumiriza kuganizanso za nkhani ya aphunzitsi mpaka adasintha maganizo. Tsiku lina iye ndi anzake adalowa m'nyumba yoonetsera kanema m'tauni yapafupi ya Oxford, nakhala dala pamipando ya Azungu okhaokha, ndipo atauzidwa kuti achoke adakana.

Atatsiriza, sukulu ya zamalamulo ya kwawo ku Maryland sinkalandira anthu akuda, choncho ankakwera sitima tsiku ndi tsiku kupita ku Howard University ku Washington. Mayi ake, amene adali mphunzitsi, adapinyolitsa mphete zawo zaukwati kuti alipire fizi. Adatsiriza mu 1933 ali woyamba m'kalasi, ndipo pasanathe zaka 3 adapambana mlandu umene udakakamiza sukulu ya ku Maryland ija kulandira wophunzira wakuda. Kuchokera apo adayenda m'zigawo za kumwera, kumene loya wakuda ankatha kuphedwa usiku popanda wofunsa, akuimira anthu m'makhoti. Mwa milandu 32 imene adaitengera kubwalo lalikulu koposa, adapambana 29.

Waukulu mwa yonseyo ndi umene umatchedwa Brown v. Board of Education. Kuyambira mu 1896 lamulo linkalola kuti ana akuda ndi ana achizungu aziphunzira m'sukulu zosiyana, malinga ngati sukuluzo zili zofanana. Koma aliyense ankadziwa kuti sizidafananepo. Marshall ndi anzake adatsutsa kuti kulekanitsa kokhako kumamuuza mwana wakuda kuti ndi wotsika, ngakhale mutamumangira makalasi okongola chotani. Mfundo yotereyi siipezeka m'mabuku a malamulo okha. Idafunika mbiri, idafunika maphunziro a maganizo a ana, idafunika munthu wodziwa kulumikiza zinthu zooneka ngati zotalikirana. Mmodzi mwa maloya amene adalankhula m'bwalomo, Robert Carter, adali wa Lincoln, kalasi ya 1937, ndipo wina amene adathandiza kufufuza mbiri, Horace Mann Bond, adalinso wa Lincoln. Pa 17 May 1954 oweruza onse 9 adagwirizana kuti tsankho m'sukulu za boma n'losemphana ndi malamulo a dziko. N'kuti patangopita masabata osakwana atatu Lincoln itakwanitsa zaka 100. Mu 1960 Marshall adathandiza atsogoleri a Kenya pa zokambirana za malamulo a dziko lawo ku London, ndipo mu 1967 pulezidenti Lyndon Johnson adamusankha kukhala woweruza m'bwalo lomwe lija ankapambaniramo milandu. Adakhalamo mpaka 1991.

Tibwere tsopano kwa Kwame Nkrumah. Iyeyu adayamba ngati mphunzitsi. Adaphunzira uphunzitsi ku Achimota, kumene Aggrey adali wachiwiri kwa mkulu wa sukulu mpaka imfa yake mu 1927, ndipo atatsiriza mu 1930 adaphunzitsa m'sukulu za Akatolika kwa zaka 5. Zolemba za Azikiwe ku Accra zidamukoleza moto, ndipo mu 1935 adanyamuka ndi ndalama zothandizidwa ndi achibale. Ali ku London podikira chilolezo cholowera ku America adaona pachikwangwani cha ogulitsa nyuzipepala kuti Italy yalowa m'dziko la Ethiopia ndi nkhondo, ndipo iye mwini adanena pambuyo pake kuti nkhani imeneyo idamupweteka ngati kuti mzinda wonsewo wamuukira iye yekha.

Zaka 10 zimene adakhala ku America zidali za umphawi weniweni. Pa tchuthi ankagulitsa nsomba m'misewu ya Harlem, adagwirapo ntchito m'fakitale ya sopo, m'zombo ngati woperekera zakudya, ndiponso usiku pamalo okhomera zombo ku Chester. Lamulungu ankalalikira m'matchalitchi a anthu akuda, kumene adanolera luso lolankhula ndi khamu la anthu. Adalandira digiri ya zachuma ndi kakhalidwe ka anthu mu 1939, ya zaumulungu mu 1942 pa Lincoln pomwepo, ndi madigiri ena awiri pa University of Pennsylvania. Ankawerenga chilichonse chimene chagwa m'manja mwake, kuyambira Marx mpaka Marcus Garvey. Mu 1945 adapita ku Britain, kumene adathandiza kukonza msonkhano wa anthu a mu Africa ku Manchester. Jomo Kenyatta ndi Dr Hastings Kamuzu Banda adali nawo pamsonkhanowo. Adabwerera kwawo mu 1947, adayambitsa chipani chake mu 1949, adamangidwa mu 1950, ndipo mu February 1951 adapambana chisankho ali m'ndende. Patangopita miyezi yochepa, munthu uja ankagulitsa nsomba adabwerera ku Lincoln ngati mtsogoleri wa boma kukalandira digiri yaulemu. Ghana idalandira ufulu pa 6 March 1957.

Nkhani ikadathera pamenepa bwenzi ili yokoma. Koma pali mwana wina wa Lincoln amene sitiyenera kumudumpha, Ako Adjei. Ameneyu adaphunzira limodzi ndi Nkrumah, ndipo ndi iye amene mu 1947 adauza atsogoleri a chipani cha United Gold Coast Convention kuti aitane Nkrumah kuchokera ku London adzakhale mlembi wawo. Adamangidwa limodzi ndi atsamunda mu 1948, ndipo ufulu utabwera Adjei adakhala nduna yoona za maiko akunja. Mu August 1962 munthu wina adaponya bomba pofuna kupha Nkrumah pamudzi wa Kulungugu. Adjei adamangidwa pamodzi ndi ena. Bwalo la milandu, lotsogozedwa ndi mkulu wa oweruza Sir Arku Korsah, lidamupeza wosalakwa mu December 1963. Nkrumah adachotsa ntchito Korsah, adasintha lamulo, mlandu udazengedwanso, ndipo Adjei adaweruzidwa kuti aphedwe. Chilangocho chidasinthidwa kukhala zaka 20 m'ndende. Adatuluka mu 1966, asilikali atalanda boma pa 24 February pamene Nkrumah adali paulendo wa ku Asia. N'kuti patangopita milungu 6 asilikali a ku Nigeria atachotsanso boma limene Azikiwe adali pulezidenti wake.

Ndiye taonani: koleji imodzi, mabuku amodzimodzi, magulu a mtsutso amodzimodzi. Wina adathera moyo wake kuonetsa kuti ngakhale boma lamphamvu liyenera kugonjera chiweruzo cha khoti. Wina, amene adamasula dziko lake namanga sukulu, zipatala ndi damu lalikulu la Akosombo, adachotsa woweruza chifukwa chiweruzo sichidamukomere. Amene amatama maphunziro a mtundu umenewu amakonda kutchula Nkrumah wa 1957, n'kukhala chete pa Nkrumah wa 1963. Kuganiza kwanga n'kwakuti Lincoln idawapatsa onse awiri lilime lakuthwa ndi mtima wosadziderera, zinthu zimene atsamunda ndi atsankho sankafuna kuti munthu wakuda akhale nazo. Koma mmene munthu adzachitire akakhala pampando, pamene womutsutsa ali mnzake wa kusukulu, si phunziro limene lidalembedwapo mayeso. Nkrumah adamwalira mu 1972 m'chipatala ku Bucharest, osaliwonanso dziko lake.

Ena tingowatchula mothamanga. Hildrus Poindexter, wa kalasi ya 1924, adakhala katswiri wa matenda a m'maiko otentha, ndipo adagwira ntchito yolimbana ndi malungo ku Liberia ndi kwina. Horace Mann Bond uja, wa kalasi ya 1923, adakhala mkulu wakuda woyamba wa kolejiyi mu 1945, patapita zaka 91 chiyambire. M'nthawi yake, mu May 1946, katswiri wa sayansi Albert Einstein, amene ankakana maitanidwe ambiri a sukulu zotchuka chifukwa cha kufooka kwa thupi, adavomera kubwera ku Lincoln, ndipo adauza ophunzira kuti tsankho si matenda a anthu akuda koma a Azungu. Hughes naye sadaiwale Africa: mu 1962 adali nawo pamsonkhano wa alembi a mu Africa ku Makerere, ndipo mu 1963 adasonkhanitsa buku la Poems from Black Africa, mmene mudalowanso ndakatulo zochokera ku Nyasaland ndi Mozambique. Atamwalira mu 1967 mabuku ake adawasiyira Lincoln, ndipo nyumba yowerengeramo mabuku ya pakolejipo imatchedwa dzina lake.

Amayi amene mukumvera mwina mwaona kuti onse tatchulawa ndi amuna. Ndi chifukwa chakuti kwa zaka pafupifupi 100 Lincoln sinkapereka madigiri kwa akazi. Mkazi woyamba adatsiriza mu 1953, ndipo mkazi woyamba kutsogolera kolejiyi, Niara Sudarkasa, katswiri amene adachita kafukufuku wake pakati pa amayi amalonda a ku Nigeria, adalowa pampando mu 1987.

Chiweruzo cha 1954 chija chidaikhudzanso Lincoln mwa njira imene ambiri sadaiyembekezere. Zitseko za sukulu zazikulu ndi zolemera zitayamba kutsegukira anthu akuda, ana ambiri anzeru amene kale akadapita ku Lincoln chifukwa chosowa kwina adayamba kupita ku Harvard, Yale ndi Princeton yeniyeniyo. Mu Africa namonso maiko omasuka adamanga sukulu zawo za ukachenjede, kotero kuti mnyamata wa ku Lagos kapena Accra sadafunikenso kutsuka mbale ku Pennsylvania kuti apeze digiri. Ndalama zidayamba kuvuta, ndipo mu 1972 kolejiyi idalowa m'gulu la sukulu zothandizidwa ndi boma la Pennsylvania. Ikadalipo pamalo pomwe paja, pakati pa minda, ndi ophunzira pafupifupi 2,000, ndipo ambiri mwa iwo tsopano ndi atsikana.